Masikono Safuna Mphamvu

Mwezi uno tiyeni tiloŵe m'khitchini tikambirane za masikono, makamaka aja ophika ndi oats ndi mphesa zouma.

Ife a kuno kwathu tidaphunzira kuphika ndi mphamvu. Mwana wamkazi amayamba kugwira munsi asanadziŵe kulemba dzina lake. Akasinkhuka amaphunzira kuthyakula nsima mpaka thukuta kutsika, pakuti nsima ya mibulu ndi manyazi pamudzi. Ufa wa mandasi nawo timaukanda kufikira mikono italema. M'zonsezi wolimbikira ndiye amatamandidwa, ndipo n'koyenera kutero. Koma chilipo chakudya chimodzi chimene chimaonongeka ndi khama lomwelo, ndicho sikono. Amai ambiri odziŵa kuphika, amene nsima yao sinyozeka, amatulutsa m'uvuni masikono olimba ngati mphero, nayamba kudandaula kuti ufa unali wakale kapena kuti uvuni ngwoipa. Kaŵirikaŵiri ufa ulibe mlandu, uvuni ulibenso mlandu. Chavuta ndi manja amene adazoloŵera mthiko.

Nkhaniyi si yaing'ono m'banja. Tirigu amene amalimidwa m'dziko muno, monga ku Tsangano m'boma la Ntcheu ndi kumapiri a Neno, ngwochepa kwambiri, kotero kuti ufa wambiri umene timagula ngwa tirigu wochokera kunja. Oats ndi mphesa zouma nazonso ndi zakunja, kaŵirikaŵiri za ku South Africa, kumene mphesa zambiri zoumitsa zimalimidwa m'mbali mwa mtsinje wa Orange, kufupi ndi mzinda wa Upington. Pamafunika makilogalamu pafupifupi 4 a mphesa zaziŵisi kuti papezeke kilogalamu imodzi ya zouma, n'chifukwa chake mtengo wake ngwokwera. Mukaonjezapo majarini, dzira ndi mkaka, thireyi imodzi ya masikono yadya ndalama zimene zikadagula ndiwo. Mai amene waika zonsezi pamoto, kenaka n'kuphula zinthu zoti ana akulephera kuluma, sabwerezanso, ndipo bambo naye sadzavomeranso kugula. Tsono tisanasefe ufa, n'kwabwino timvetse kaye chimene tikuphika.

Kumene sikono idachokera

Kwao kwa sikono ndi ku Scotland. Dzikolo n'lozizira ndi la mvula yambiri, ndipo m'madera ake ambiri tirigu sachita bwino. Mbeu zimene zimalola nyengo yotere ndi oats ndi barele. Motero oats kwa anthu a kumeneko adali monga chimanga kwa ife: phala la m'maŵa ndi mikate yomwe zinkachokera m'mbeu imeneyi. Mau akuti scone amapezeka kale m'zolemba za mlakatuli wa ku Scotland, Gavin Douglas, za m'chaka cha 1513. Masikono a masiku amenewo sankaloŵa m'uvuni ai. Anthu ankaumba mkate umodzi wozungulira ndi wophwatalala, nauotcha pa chiwaya chachitsulo, kenaka n'kuudula zigawo za makona atatu.

Sikono yofufuma imene tikuidziŵa lero idadza pambuyo pake. M'chaka cha 1843 Alfred Bird, katswiri wa zamankhwala wa mumzinda wa Birmingham ku England, adapanga baking powder chifukwa thupi la mkazi wake silinkayanjana ndi yisiti. M'zaka zotsatira ufa wofufumitsawu udafalikira m'masitolo, ndipo kudakhala kotheka kuphika mkate wopepuka popanda kudikira maola.

Kuno kwathu mauwo adafika ndi anthu a ku Britain, ndipo ena mwa oyamba kukhazikika adali a ku Scotland komweko, amene adatsegula mishoni ku Cape Maclear m'chaka cha 1875 ndi ku Blantyre m'chaka cha 1876. Pakamwa pathu scone idasanduka sikono. Koma dziŵani kuti masikono ambiri amene timagula m'magolosale ndi m'misika ndi timikate ta yisiti, tokandidwa monga buledi. Dzina n'limodzi, kaphikidwe n'kosiyana. Kusokonezeka kwambiri kumayambira pamenepa, poti munthu amayesa kuti sikono iliyonse imafuna kukanda.

Chifukwa chake sitikanda

Mu ufa wa tirigu muli chinthu chimene ophunzira amachitcha gluten. Ufa ukakhala wouma, chinthuchi chimangogona. Ukanyowa n'kuyamba kukandidwa, chimalukana n'kukhala ngati ulimbo, chonanda ndi chotamuka, ndipo kukanda kukamapitirira nacho chimanka chilimbirabe. Wophika buledi amachifuna chimenechi, chifukwa yisiti imagwira ntchito pang'onopang'ono kwa maola, ndipo mpweya wake uyenera kukodwa monga nsomba muukonde. Sikono sidikira maola. Baking powder akangokhudzana ndi mkaka amayamba kutulutsa mpweya nthaŵi yomweyo, naonjeza wina akamva kutentha, ndipo zonse zimatha m'mphindi zoŵerengeka. Mtanda umene walimba ndi kukanda sulola kufutukuka m'kanthaŵi kochepa chotero. N'chifukwa chake sikono yokandidwa imakhala yaifupi, yolemera ndi yotopetsa kutafuna.

Oats amatithandiza pamenepa, pakuti alibe ulimbo wa mtundu uwu. Sikono yokhala ndi oats imanyemeka mosavuta ndipo imakhala ndi kafungo konga ka mtedza. Komabe pa chifukwa chomwecho oats payekha sangagwirane, choncho ufa wa tirigu uyenera kuchuluka kuposa oats.

Chinthu chachiŵiri ndi mafuta. Majarini kapena batala ayenera kuloŵa mu ufa ali wolimba ndi wozizira, n'kukhalamo timibulu ting'onoting'ono. Mibulu imene timaithamangitsa mu nsima, muno timaifuna. Timibulu timeneti tikafika pamoto timasungunuka, madzi ake n'kusanduka nthunzi imene imakankha ufa, ndipo pamene panali kambulu pamatsala kamphako. Timphako timeneti ndito timapepukitsa sikono. Mafuta akasungunukira m'manja musanaphike, amangoloŵerera mu ufa, sikono n'kutuluka yolemera ndi yonona. Choncho mafuta amadzi ophikira ndiwo sayenera pano, ndipo majarini wolimba wokulunga m'pepala aposa wofeŵa uja wopaka pa buledi.

Amene alibe furiji asade nkhaŵa. Ikani majarini m'kachitini kotseka bwino, mukamize mumtsuko wa madzi usiku wonse, ndipo muphike m'mamaŵa dzuŵa lisanakwere. Miyezi ya Juni ndi Julaye ndiyo yokoma pa ntchitoyi. Mu Okutobala pamafunika changu. Sambani m'manja ndi madzi ozizira musanayambe.

Zofunika

Kapu imene tikunena pano ndi ya mamililita 250. Mukatapa, muzisalaza pamwamba ndi mpeni, kapu ndi supuni yomwe.

Ufa wa tirigu, makapu 1½
Oats, kapu 1
Shuga, masupuni aakulu 4
Baking powder, masupuni a tiyi 3
Mchere, theka la supuni ya tiyi
Majarini kapena batala wozizira, magalamu 110, ndiko kuti pafupifupi theka la kapu
Mphesa zouma, theka la kapu
Dzira 1
Mkaka wozizira, masupuni aakulu 6, ndi wina pang'ono wapadera

Ngati muli ndi chambiko, ndiye bwino koposa. Anthu a ku Scotland nawonso kuyambira kale amakonda mkaka wosasa pophika masikono. Mukathira chambiko m'malo mwa mkaka, chepetsani baking powder akhale masupuni a tiyi 2, ndipo muonjeze theka la supuni ya tiyi ya soda. Kuŵaŵasa kwa chambiko kukakumana ndi soda kumatulutsa mpweya wofufumitsa, ndiponso kumafeŵetsa mtanda. Koma musathire soda mumkaka wosasasa, pakuti amasoŵa chokumana nacho, ndipo sikono imasanduka yachikasu n'kumamveka ngati sopo m'kamwa. Ufa uja wolembedwa kuti self-raising uli kale ndi chofufumitsa. Mukaugwiritsa ntchito ikani baking powder supuni ya tiyi imodzi yokha, yoti ikwanire oats.

Baking powder amatha mphamvu akakhalitsa, makamaka m'dzinja pamene chinyezi chachuluka. Muyeseni musanaononge ufa. Thirani theka la supuni ya tiyi m'kapu ya madzi otentha. Akachita thovu msangamsanga, ali ndi moyo. Akangomira phee, gulani wina.

Kakonzedwe kake

Yambani ndi moto. Uvuni utenthe kufika madigiri 200 musanathire mkaka mu ufa, chifukwa mtanda wa sikono suyenera kudikira moto. Pakani mafuta pang'ono pa thireyi, kapena waziranipo ufa.

Pamene uvuni ukutentha, kazingani oats pa chiwaya chouma kwa mphindi 5, mukutakasa monga mumachitira ndi mtedza, kufikira fungo litayamba kumveka. Tsanulirani m'mbale ndipo azizire kotheratu, pakuti oats wotentha angasungunule majarini. Kukazingaku si lamulo, koma kumaonjeza kukoma. Mphesa zouma nazo muzichotse timitengo, muziviike m'madzi otentha kapena mu tiyi wopanda shuga kwa mphindi 10, kenaka muzitsanule ndi kuzipukuta pa nsalu yoyera. Mphesa zosaviika zimauma pamoto n'kulimba ngati timiyala.

Tsopano sefani ufa, baking powder ndi mchere m'beseni, muthiremo shuga. Dulani majarini tizidutswa tonga mtedza, mutiponye mu ufa. Fikisani ndi nsonga za zala, mukunyamula ufawo m'mwamba ndi kuugwetsera m'beseni. Musagwiritse ntchito chikhatho, chifukwa chimatentha kuposa zala. Lekani ufa ukaoneka ngati madeya, koma mukhalebe timibulu tina tofanana ndi nandolo. Ntchito imeneyi isapitirire mphindi 3. Mukatero thirani oats ndi mphesa, musakanize mopepuka.

Swerani dzira mumkaka, mutakase ndi foloko. Kumbani kadzenje pakati pa ufa, muthirepo zamadzizo nthaŵi imodzi. Sakanizani ndi mpeni kapena foloko. Mthiko upume lero. Ufa wouma ukangoleka kuoneka, lekerani pomwepo. Ngati pansi pa beseni patsala ufa wosagwirana, onjezani mkaka supuni imodzi yokha, chifukwa oats wina amamwa madzi kuposa mnzake.

Apa ndipo pali chiyeso. Mtanda wa sikono umaoneka wonyansa, wosasalala, wa ming'alu, ndipo manja ozoloŵera amalakalaka kuukonza. Usiyeni momwemo. Waziranipo ufa pang'ono pa tebulo, mukhuthulirepo mtandawo, muusonkhanitse ndi manja aŵiri. Upindeni kasanu kapena kasanu ndi kamodzi, mukuŵerenga, ndipo musapitirirepo. Kanikizani mofatsa kufikira utakhala wozungulira, m'mimba mwake masentimita pafupifupi 18, kuchindikala kwake masentimita 2½. Sikono yopyapyala sifufuma, imangouma ngati bisiketi.

Dulani zigawo 8 ndi mpeni wakuthwa wopaka ufa, mukutsitsa mpeniwo kamodzi, osachekacheka. Okonda masikono ozungulira angadule ndi kapu kapena kachitini, koma asapotoze podula, pakuti kupotoza kumamata m'mbali ndipo sikono imafufuma mopendekeka. Mphesa zimene zatulukira pamwamba muziloŵetse m'kati ndi chala, chifukwa zikapsa zimaŵaŵa. Pakani mkaka pamwamba pokha, usatsikire m'mbali. Ikani pa thireyi, mukusiya mpata wa zala ziŵiri pakati pao, ndipo loŵetsani m'uvuni nthaŵi yomweyo.

Masikonowo apse mphindi 15 mpaka 18. M'mphindi 10 zoyamba musatsegule chitseko. Paja amati kuona maso a nkhono n'kudekha. Akapsa amafiira pamwamba, ndipo kamtengo koyera kobaya pakati kamatuluka kopanda mtanda. Aphuleni ndi kuŵafunda nsalu yoyera kuti chikhungwa chao chisalimbe.

Kwa amene alibe uvuni

Kusoŵa uvuni sikuletsa munthu kuphika masikono. Aliyense wodziŵa kuphika chigumu kapena chikondamoyo ali nayo kale njira. Thirani mchenga woyera ndi wouma pansi pa mphika waukulu wachitsulo, kuzama kwake zala ziŵiri. Vundikirani ndi chitsulo, mutenthetse mphikawo pa mbaula kufikira dzanja litalephera kukhalitsa m'katimo. Ikani masikono m'mbale yachitsulo, muikhazike pa mchengapo, muvundikirenso ndi kuika makala amoto pamwamba pa chivundikiro. Moto wa pamwamba uchuluke kuposa wa pansi, apo ai adzapserera kunsi pamwamba pali paŵisi. Suzumirani pakatha mphindi 15. Kaŵirikaŵiri amatenga mphindi pafupifupi 20.

Njira ina ndi yakale ija ya ku Scotland, ya pa chiwaya. Mtanda muupyapyaze pang'ono, ukhale masentimita 1½. Chiwaya chikhale chochindikala, moto ukhale wofatsa. Waziranipo kaufa poyesa: kakafiira pang'onopang'ono moto uli bwino, kakada nthaŵi yomweyo moto wachuluka. Otchani mbali imodzi mphindi pafupifupi 7, mutembenuze, muotchenso mbali inayo chimodzimodzi. Masikono a pa chiwaya safufuma kwambiri monga a m'uvuni, koma kukoma kwake n'komweko.

Zikapanda kuyenda bwino

Sikono imanena yokha chimene chalakwika. Ikalimba ndi kutamuka poitafuna, mudakanda. Ikaphwatalala n'kuchucha mafuta pa thireyi, majarini adasungunuka msanga kapena moto unali wochepa. Ikakana kufufuma, baking powder adatha mphamvu kapena mtanda udakhalitsa pa tebulo. Ikamwazika ngati mchenga poinyema, mkaka udachepa kapena oats adachuluka. Ikada kunja m'kati muli mwaŵisi, moto udanyanya. Wophika wanzeru amanyema sikono imodzi, naiyang'anitsitsa, kuti ulendo wina asinthe chinthu chimodzi chokhacho chimene chidavuta, osati zonse pamodzi.

Pophika koyamba ndi bwino kuyamba ndi theka la miyeso yonse. Dziralo mulitakase, muthire theka lake, lotsalalo mupake pamwamba m'malo mwa mkaka. Zikavuta mwataya zochepa. Zikayenda, mwaphunzira ndi mtengo wochepa. Mphesa zouma zikakhala zosafikirika, musaleke kuphika chifukwa cha zimenezo. Mtedza wokazinga wosinja mwachisawawa, muyeso womwewo, umaloŵa bwino m'malo mwake, ngakhale kuti sutsekemera.

Za thanzi ndi za ana

Ambiri amva kuti oats ndi chakudya chabwino m'thupi, ndipo n'zoona. Muli chinthu chotchedwa beta-glucan, chija chimanandisa phala la oats, chimene chimathandiza kuchepetsa mafuta oipa a m'magazi amene madokotala amaŵatcha cholesterol. Oats amakhalitsanso m'mimba, kotero kuti mwana amene wadya sikono yotere m'maŵa sachedwa ndi njala m'kalasi msanga. Komabe tisadzinyenge. M'sikono muli majarini ndi shuga, ndipo mphesa zouma zokha ndi zotsekemera kwambiri. Sikono ndi chakudya chomwera tiyi, si mankhwala ai. Odwala matenda a shuga adye pang'ono, monga mwa malangizo a kuchipatala.

Makolo anzanga, musathamangitse ana m'khitchini pa tsiku la masikono, anyamata ndi atsikana omwe. Masamu amene amaŵavuta pa bolodi amakhala poyera pa tebulo. Mwana amene wayeza theka la kapu ndi manja ake, nadula mtanda paŵiri, kenaka panai, kenaka zigawo 8, sadzaiŵala kuti makota aŵiri ndi theka limodzi. Mufunseni kuti tikafuna masikono 16 tithira ufa makapu angati, ndipo mumsiye aŵerengere yekha. Ndiponso zala za ana n'zopepuka, zilibe mphamvu yokandira, motero ntchito yofikisa majarini imaŵayenera bwino, malinga asambe m'manja ndipo asachedwe nayo. Za moto ndi mpeni zokha zikhale za akulu.

Ubwino waukulu wa sikono ndi changu chake. Akuluakulu adati mlendo ndi mame, sachedwa kukamuka. Buledi amafuna theka la tsiku, koma masikono, zinthu zonse zikakhala pafupi ndi moto uli wokonzeka, amafika pa tebulo mphindi 40 zisanathe. Mlendo amene wafika mosayembekezeka angathe kumwa tiyi ndi chakudya chotentha asanatsazike. Masikonowo adyedwe tsiku lomwelo, akali ofunda, pakuti sachedwa kuuma. Otsala muŵasunge m'chitini chotseka, ndipo maŵa lake muŵang'ambe pakati ndi kuŵatenthetsa pa chiwaya.

Tsono amai ndi abambo, mphamvu zanu zisungireni nsima ndi mtondo, kumene zimafunikadi. Pa masikono kumbukirani zitatu izi: mafuta akhale ozizira, moto ukhale wokonzeka, ndipo manja aleke msanga. Yesani mwezi uno, ndipo amene mwapeza njira yabwino yophikira pa mbaula ya kwanuko, tilembereni kuti anzathu ena apindule nayo.